Maere a Ngolo ya Gulu

Lolemba

Kwalengezedwa. Lamulungu likudzali ng'ombe ndi mbuzi za mudzi wonse azimasula kuti zikadye mapesi m'minda. Amene chimanga chake chidzakhale chidakali kumunda, zake zimenezo.

Changa chidakali kumunda. Mikukwe yonse ili chiimire kutsidya kwa dambo. Koma mtima uli m'malo, chifukwa chaka chino ndalowa m'gulu la ngolo, ndiponso ine masamu ndimawadziwa.

Gululi lili motere. Tilipo anthu asanu ndi mmodzi. Ngolo imodzi, ng'ombe ziwiri, Kapiteni ndi Bulaki. M'mawa uliwonse timakumana patsinde pa mango kwa a Mbewe, alamu anga, amenenso ndi a tcheya athu. Aliyense ali ndi chitsekerero cha botolo chimene anakandapo chizindikiro chake ndi msomali. Mayi Tembo amagwira thumba, a Mbewe amayang'ana kumbali n'kupisamo dzanja. Amene chake chatuluka, ngolo ndi yake tsiku lonse.

Tsono masamu ake:

Lero m'thumba muli zitsekerero 6. Mwayi wanga, 1 pa 6.
Mawa wopambana lero wachoka. 1 pa 5.
Lachitatu, 1 pa 4.
Kumangotsika choncho.
Loweruka, 1 pa 1. Ndiye kuti ngolo ndi yanga, wina afune asafune.

Zonsezi zili m'buku la masamu limene mwana wanga Tisa anasiya atamaliza giredi 12. Chimene chachitika dzulo chikasintha mwayi wa lero, zinthuzo ndi zodalirana. Chikapanda kusintha kanthu, ndi zosadalirana. Mawu awiriwa ndi anga, bukulo limangolankhula Chingerezi chonyada. Ine sukulu ndinalekezera giredi 7, koma tsamba limeneli ndaliwerenga mpaka lafewa ngati nsanza.

Lero chatuluka cha a Zuze. Zabwino! Achoke, tichepe. Sindikukhalanso kumvera zokambakamba zawo, pali njinga ya munthu ikundidikira kuti ndiimange masipoko.

Amake Tisa akuti, "Bwanji tiyambe kututa pang'onopang'ono, inu panjinga, ine ndi dengu?"

Dengu! Munthu wa m'gulu la ngolo! Ndikuwalongosolera masamu onse kuyambira Lolemba mpaka Loweruka. Akuti "chabwino," akutenga dengu lawo, akupita. Mkazi ameneyu chikwatirire sanandimverepo mpaka kumapeto.

Lachiwiri

A Zuze!! Kachiwiri!

Poyamba ndikuganiza kuti a Mbewe maso akuwanamiza. Ndikulanda chitsekererocho, ndikuchitembenuza. Mtanda wa a Zuze, womwe uja wa dzulo. Ndikufunsa kuti chalowamo bwanji. Onse akundiyang'ana ngati ndafunsa kuti mchere walowa bwanji m'ndiwo.

A Mbewe: "Alamu, m'thumba muno munthu wamoyo sachokamo. Chatuluka, tachiona, chabwerera."

Mayi Tembo: "Chimene tinachotsapo ndi chimodzi chokha, cha malemu a Daka, ndipo tinachichotsa titabwerako kumanda. Malo mwalowa inuwo ndi awo."

Ndiye kuti dzulo, ine nditangotembenuka, anachiponyamonso. Palibe anandiuza! Akuti sindinafunse. Munthu angafunse chinthu chopusa chotere?

Ndikuti, nanga munthu mmodzi akapambana sabata yonse? A Mbewe akuti ndiye kuti Mulungu wamukonda. Ndikuti Mulungu asamulowetse m'thumba la shuga.

Masamu anga onse a dzulo agwa. Maere awa ndi osadalirana. Lero 1 pa 6, mawa 1 pa 6, Loweruka 1 pa 6, chaka cha mawa 1 pa 6. Ndikuwerengera pansi ndi sipoko: masiku atsala anayi, tsiku lililonse mwayi woluza ndi 5 pa 6, kuchulukitsa kanayi. Pafupifupi theka! Chimanga changa chaima pakati penipeni pa nkhokwe yanga ndi pakamwa pa ng'ombe za anthu.

A Zuze anabwera kuno akadali mnyamata, kuthawa nkhondo ku Mozambique, ndipo tsopano ali ndi minda iwiri ndi mano onse, amene amaonetsa nthawi zonse. Akundiyandikira akumwetulira: "Akulu, ndikatuta maulendo atatu, masana mutha kuitenga."

Ndikuyankha pamaso pa onse kuti sindikupempha chifundo, ndikufuna chilungamo. Akuti, "Chabwino, akulu," akupita akuimba mluzu.

Zondikwiyitsa lero:
thumba;
a Mbewe;
mluzu uja;
a Daka, Mulungu awasunge, chifukwa anakhala m'gululi zaka zonsezi osatsegula pakamwa.

Amake Tisa amva kale nkhaniyi kuchitsime. Akuti, "Masana aja mukanangovomera." Ndikupopa tayala la njinga mpaka chubu chaphulika.

Lachitatu

Lero ndikuwaphunzitsa. Ndafika woyamba, buku m'khwapa, nsawa zisanu ndi imodzi m'thumba la malaya, zisanu zotuwa, imodzi yofiira. Yofiirayo ndine.

Ndikuziika m'chipewa. Ndikuti tiyese kaye njira yosabwezera. Ndikutulutsa imodzi, yotuwa, ndikuiika pampando. Zatsala zingati? A Sakala, amene akhala pafupi ndi mpandowo, akuti zisanu. Bwino! Ndikutulutsa ina. Zatsala zinayi. Mukuona, mwayi wa yofiira ukukula? Akugwedeza mitu. Mtima wanga ukuyamba kutsika.

Tsopano njira yanu yobwezera, ndikutero. Ndikutembenukira kumpando kuti nditenge nsawa zija.

Palibe. A Sakala akutafuna.

"Ndimayesa mwathana nazo. Koma ndi zokazinga bwino, kunyumba muwayamikire."

Ndinatapa m'mbale yolakwika! Ndipo pamene ndikuwakalipira a Sakala, a Mbewe apisa dzanja m'chipewa mwachizolowezi, akuyang'ana kumbali, n'kutulutsa yofiira. Akuti, "Alamu, mwapambana," n'kuiponya m'kamwa. Gulu lonse kuseka mpaka a Mwale, amene amagona pamsonkhano uliwonse, adzidzimuka n'kufunsa ngati ngolo yatuluka.

Sizinathere pomwepo. A Sakala akupempha chitsekerero cha a Zuze kuti achikhuze ndi chawo, ati mwayi upatsirane. Mayi Tembo akuti ayi, cha a Zuze chatopa, sichingatulukenso kachitatu. Awiri onsewa ndi olakwa, wina mbali iyi wina mbali iyo! Ndikuimirira. Ndikuti thumba lilibe mutu. Silikumbuka za dzulo. Silidziwa a Zuze, silidziwa ine, silidziwa kuti lero ndi Lachitatu. Cha a Zuze lero chili ndi 1 pa 6, chimodzimodzi changa, chimodzimodzi cha a Mwale ali m'tulomo.

Mawu amenewa ndawanena mokweza, mpaka akumva a kuchigayo.

Maere: mayi Tembo. Nthungululu.

Ndikupempha kuti tivote zosiya kubwezera. Manja okwera: langa. Ndikuwauza mosapsatira kuti sindinaonepo anthu a imvi akuopa chitsekerero cha botolo. Mayi Tembo akuti, "Bambo, inu mwabwera dzulodzuloli." A Mbewe akuti msonkhano watha.

Masana ndili kumunda ndekha ndi mkwiyo wanga. Amake Tisa akudutsa ndi dengu, ulendo wachiwiri.

Lachinayi, kusanache bwino

Lero ndi langa. Ndikumva m'mafupa.

Ndikudziwa zimene ndinanena dzulo. Koma masiku atatu osatuluka! Chinthu sichingamangokhala pansi pa thumba mpaka kalekale. Chiyenera kutuluka basi.

Dzulo lija, pokhala ndinali kale kumunda, ndinagwetsa mikukwe yoposa theka, kusenda, n'kuunjika chimanga milumilu m'mbali mwa njira, kuti ngolo ikafika tingokweza. Manja atupa. Amake Tisa anati chimanga chili bwino m'makoko mwake mpaka ngolo itaoneka ndi maso. Iwo za kukonzekera sazidziwa.

Ndavala malaya a kutchalitchi. Palibe chifukwa. Ndangovala.

Lachinayi lomweli, masana

A Mbewe.

Munthu wapisa yekha dzanja, watulutsa chake chomwe, n'kudabwa ngati waona njoka! "Aa, ine?" Inde inu, alamu, inu amene munda wanu uli kuseri kwa nyumba, woti n'kututa ndi chipewa.

Ndikufuna kunena kuti abera. Sindingathe. Anayang'ana kumbali, ndinawaona ndi maso angawa. 1 pa 6 ndi yawonso. Ichi ndicho chikundiwawa kwambiri: palibe woti ndimutukwane.

Nkhumba za kwa a Mwale zapeza mulu wa kumunsi. Zikanakhala kuti chimanga chili m'mikukwe zikanangonunkhiza n'kudutsa. Ndazithamangitsa mpaka kudambo nditavala malaya a kutchalitchi. Batani limodzi latsala komweko. A Mwale akuti nkhumba sizimva zolengeza, zimangodziwa kuti Lamulungu layandikira.

Amake Tisa akusoka batani lina, losafanana ndi anzake. Osakweza mutu: "Si inu munati thumba lilibe mutu? Akuchigayo onse anamva."

Ndikuti zimenezo ndi nkhani za masamu, sangazimvetse.

"Ee. Dengu langa silichita maere."

Buku ndaliponya padenga la khola la nkhuku. Kenako ndakalitenga. Bukulo silinalakwe, linanena zoona, ndipo n'chifukwa chake ndikulida.

Atsala masiku awiri. Mwayi woluza onse awiri: 25 pa 36. Sindikufunanso kuchulukitsa chilichonse.

Lachisanu

Ndafika nditakonzeka. Ndikuwauza kuti lero akapanda kusintha, ndikukwera njinga kupita kwa alangizi a zaulimi kukawafotokozera mmene gulu lino limayendetsera ngolo, ndipo ndikanenanso za girizi amene sanapakidwe kumawilo a ngoloyo chiyambire Epulo. A Mbewe akugwira mutu. A Sakala akuti ndipite, njira ndikuidziwa. Mayi Tembo akukumbatira thumba ngati ndikufuna kulanda mwana.

Apa a Zuze akutulutsa hanki m'thumba la buluku.

"Bwanji tichite chonchi. Ife atatu amene tatuta kale, zitsekerero zathu tizimange mu hanki umu. Hankiyo ilowe m'thumba. Tili m'thumba ndithu, palibe wachoka. Koma dzanja la a tcheya lizisiya mfundoyo."

Nzeru yabwino. Ndikuvomereza. Ikundinyansa kuti yachokera kwa munthu wa mluzu, koma ndi yabwino.

Mayi Tembo akukana: "Munthu wamoyo kumukulunga m'nsalu yoyera? Ine ayi." A Mbewe akuti, "Mayi, masiku awiri okha, kuti alamu angawa atipatse mpata wopuma." Mayi Tembo akuchipereka chitsekerero chawo ndi nsonga za zala, nkhope atayang'ana kwina. "Mwandikakamiza. Onse mwamva."

Tamva. Tamanga.

Tsopano masamu abwerera m'malo mwake! Zomasuka ndi zitatu: changa, cha a Sakala, cha a Mwale. Masiku awiri. Wopambana lero alowa mu hanki. Zodalirana, ngati mmene buku limafunira. Mwayi woti ndipeze ngolo pofika mawa: 2 pa 3. Ndikuwauza. Palibe akufunsa kuti ndawerengera bwanji.

Maere: a Sakala.

Palibe kanthu. Sindikukwiya. Ndangomenya mtengo wa mango ndi chikhatho kamodzi kokha, basi. Mawa ndi ine ndi a Mwale, 1 pa 2, ndipo a Mwale sakudziwa n'komwe kuti malamulo asintha.

Zofunika mawa:
matumba onse, ngakhale obooka;
chingwe;
thobwa;
kuyamba ndi milu ya kumunsi, kumene kuli nkhumba.

Amake Tisa apita maulendo atatu lero. Khosi likuwawawa. Ndawauza kuti mawa apume, azingoloza pokhuthulira.

Loweruka

CHANGA! Chatuluka changa!

Ndikuchipsompsona. Ndikuvina pang'ono, a Mwale akuombera m'manja osadziwa chimene akuombera. Ndikugwira a Zuze dzanja, inde, ine. Ndikuthamangira kukhola, ndikutulutsa Kapiteni ndi Bulaki, ndikuika goli ndi manja anga. Matumba m'ngolo, chingwe m'ngolo, chigubu cha thobwa m'ngolo.

Ndikukweza phazi kuti ndikwere.

Kulira. Kukuchokera kwa mayi Tembo.

Apongozi awo, mayi a malemu amuna awo, atisiya. Agogo amene akhala chigonere pamphasa madzinja awiri, amene palibe m'mudzi muno akudziwa zaka zawo. Anali munthu wabwino, ankandiitana kuti mwana wa sukulu ngakhale ndili ndi imvi. Apumule.

Koma lero?

M'mudzi mukagwa maliro palibe amagwira ntchito ya kumunda mpaka titaika. Zimenezo sindikutsutsa, ndinabadwira momwemo. Ngolo ikufunika kukatenga nkhuni za pasiwa ndi matabwa a bokosi. Zimenezonso sindikutsutsa. A Mbewe akuti, "Alamu, ngolo ndi yanu lero. Maere anena. Muyendetse ndinu."

Ndikutsitsa matumba anga. Thobwa akuti lisiyeni, lithandiza adzukulu okumba manda.

Nkhuni zili kutsidya kwa dambo. Njira yake imadutsa pamunda panga. Maulendo anayi ndadutsa pambali pa milu yanga, kupita ngolo ili yopanda kanthu, kubwera itadzaza nkhuni. Bulaki anatambasula khosi n'kutolapo chimanga chimodzi. Ndinamusiya.

Pasiwa anthu akundiyang'ana ndi ngodya za maso. Zimene ndamva ndi makutu anga:

"Dzulo kumanga mu nsalu, lero ndi izi."
"Mayi aja anakana, anawakakamiza."
"Ndi zija amawerenga m'buku lija."

Ndikufuna kukwera pa chitsa ndikuwe. Agogowa analeka kudya Lolemba, hanki isanatuluke m'thumba la a Zuze! Chitsekerero sichinali chawo n'komwe! Tikanamanga, tikanapanda kumanga, mwayi woti atisiye sabata ino unali womwewo. Hanki uko, imfa uko. Zosadalirana! Anthu omwewa amene sabata yonse akana kuona kuti maere a lero ayenera kudalira a dzulo, lero apeza kudalirana pakati pa kansalu kopukutira thukuta ndi mtima wa nkhalamba.

Ndikuwanong'oneza a Mbewe zimenezi, mwaulemu, pang'onopang'ono.

"Alamu, pano ndi pamaliro. Kamwa limenelo lipumuleko."

Kumbali ya azimayi ndikuona amake Tisa akusenza ndowa ya madzi ndi khosi lawo lowawa lija. Sakundiyang'ana.

Lamulungu

Taika m'mawa. Ulaliki wautali, nyimbo zonse, mawu a akubanja, mawu a kumpingo, mawu a gulu la ngolo. A Mbewe alankhula za umodzi. Ine ndaima kumbuyo, ndikuyang'ana dzuwa likukwera.

Pobwera kumanda gulu lakumana mwachidule patsinde pa mango. Zogwirizana:

hanki yamasulidwa, ndipo a Zuze auzidwa kuti asaigwiritsenso ntchito;
zitsekerero zonse zabwerera m'thumba, zomasuka, ngati kale;
dzulo liwerengedwa kuti ine ndinalandira ngolo;
buku lisabwerenso pamsonkhano.

Sindikutsutsa. Ndakweza dzanja pamodzi ndi onse. Mayi Tembo ndawapepesa za maliro, ayankha akuyang'ana mapazi anga.

Ndafunsa ngati zomasula ziweto zaimitsidwa chifukwa cha maliro. Akuti ayi. Eni ng'ombe anatsegula makola m'mamawa kuti apite kumanda opanda nkhawa.

Ndakwera njinga, matumba awiri pakaliyala. Amake Tisa kumbuyo wapansi, ndi dengu. M'nkhokwe muli zimene atuta iwo sabata yonse. Akuti tikasamala zitifikitsa Okutobala. Sananene china chilichonse, ndipo ndikanakonda akananena.

Ndikulemba nditakhala pa mulu umodzi umene watsala wathunthu, ndodo pamiyendo. Milu ya kumunsi kulibe. Mikukwe imene sindinagwetse yazunguliridwa. Ndathamangitsa za kummawa, za kumadzulo zalowa. Ndathamangitsa za kumadzulo, mbuzi zadutsa pakati pa miyendo yanga. Ndaleka. Munthu mmodzi amalonda mulu umodzi.

Mawa kuli maere. 1 pa 6. Ndipitako, sindikudziwa kuti ndikatute chiyani.

Patsogolo pa gulu lonse la ng'ombezi pali ziwiri zimene zikudya mwaulemu, osathamanga, ngati zaitanidwa. Kapiteni ndi Bulaki. Sabata yonse ndalimbana kuti zifike pamunda panga.

Zafika. Ngolo zaisiya kunyumba.